Tsiku Limene Bambo Analoza Kumanzere

1

Kwathu mukafunsa kuti munda wa agogo anatitayitsa ndani, aliyense akulozerani bambo anga. Achimwene akulozerani ndi chala, alamu ndi mlomo, azakhali ndi maso. Ine ndimangowerama n'kumakonza nsalu ya patebulo yomwe ili yokonzeka kale. Ndakhala ndikuwerama choncho zaka zitatu, ndipo khosi latopa. N'chifukwa chake ndalemba izi.

Tinabadwa awiri, achimwene ndi ine, ndipo dzina loti Mzime landikanirira mpaka lero pamene imvi zayamba kusuzumira. Ndimagwira ntchito pa situdiyo, kujambula ndi kutsuka zithunzi za ziphaso, za maukwati ndi za maliro. Pamtundu pathu ndine wasukulu. Kalata ya chidindo ikabwera, amaiika pansi pa wailesi osaitsegula mpaka nditafika.

Bambo anali ndi zaka khumi ndi zinayi pamene malole a boma lakale anafika. Lamulo la nthawi imeneyo linkagawa dziko potengera khungu. Linati tsidya la mtsinje lomwe lili ndi nthaka yabwino ndi la azungu, ndipo anthu akuda achokeko pasanathe masiku atatu. Agogo anakwezedwa m'lole ndi zitseko zawo, mbewu zili m'munda zisanakhwime, n'kukatulidwa kumalo a miyala yokhayokha. Anamwalira komweko akunenabe kuti tidzabwerera.

Boma litasintha, linatsegula ofesi yobwezera anthu malo awo. Bambo anavala jekete n'kukalembetsa tsiku loyamba lomwelo. Anabwerako ndi kapepala ka nambala, akumwetulira ngati apatsidwa kale mundawo.

2

Ofesi imeneyo ndimaidziwa kuposa chipinda changa chogona, poti ndinaiyendera zaka khumi ndi chimodzi. Muli mabenchi anayi, limodzi lolumala mwendo. Fani imazungulira ikafuna. Zenera lagalasi lili ndi kabowo kolankhulirapo komwe anakaboola m'munsi kwambiri, moti ngakhale ukhale wamkulu bwanji umayenera kuwerama. Kuseri kwa galasilo kumakhala mayi amene tonse a pamzere timawatcha Mayi Bweranimawa.

Fayilo yathu inamera miyendo kawiri. Itapezeka, inali italowa m'kati mwa ya banja lina. Tsiku lina mtima unandikwera.

"Mayi, ndabwera kudzamva za fayilo ya bambo."

"Ili kwa abwana."

"Mwezi watha munatinso ili kwa abwana."

"Ndiye kuti sinachokeko. Koma poti mwabwera, mverani. Nkhani zapakamwa zatikwana. Aliyense akuti agogo ake anali ndi munda kuyambira kuphiri mpaka kumtsinje. Tikufuna umboni wogwirika."

"Umboni wanji? Anthu ankaponyedwa m'lole, mukufuna akanapempha lisiti?"

"Mukandikalipira ine, munda subwera, mayi. Wotsatira."

Ndinatuluka nditapsa mtima. Powachotsa sanawapatse pepala, koma pobwerera akufuna pepala. Mwa onse amene anakhalako kumunda kuja, wamoyo anali atatsala bambo okha, chifukwa azakhali anabadwira kumiyala.

Azakhali omwewo ndi amene anatipezera chogwirika. Akufukula katundu wa malemu agogo aakazi, anapeza kachitini, m'kati mwake muli negetivi imodzi, kapulasitiki kakuda kaja komwe kale ankatsukira zithunzi. Ndinathamanga nayo kuntchito, n'kuiika pa sikana, makina olowetsa zithunzi mu kompyuta. Pa kompyuta panatulukira agogo aamuna atavala jekete, ataima pafupi ndi mwala waukulu wong'ambika pakati. Kumbuyo kwawo kunali mtsinje, ndipo kumanzere kwa mwalawo kunali chitsime chomangidwa ndi miyala.

Madzulo a tsikulo pakhomo panali ngati pabadwa mwana. Bambo anachigwira chithunzicho nthawi yaitali, akuchibweretsa pafupi ndi kuchitalikitsa.

"Awa ndi tate ndithu," anatero. "Mwalanso ndi womwewo. Koma chitsime sichinali uko."

Palibe anawasamala, ndipo m'mawa mwake ndinakapereka chithunzicho ku ofesi.

3

Patatha miyezi isanu kalata inabwera. Mundawo tsopano uli m'manja mwa kampani ina yodzala mitengo ya matabwa, ndipo chitsime chinakwiriridwa kalekale. Ofesi inati itumiza woyeza malo. Bambo akaime pamwala paja, ayang'ane kumtsinje, aloze pomwe panali chitsime. Akakumba n'kupeza miyala yake, munda ndi wathu. Kampani inalola, koma inati dzenje likhale limodzi basi.

Lamlungu lililonse masana ndinkakhala nawo bambo pakhonde, chithunzi chili pamiyendo.

"Mwaima pamwala, mukuyang'ana kumtsinje. Chitsime chili mbali iti?"

"Kumanja."

"Bambo, taonani chithunzi."

"Ndachiona, Mzime. Koma ine ndinkatunga madzi pamenepo m'mawa uliwonse. Popita dzuwa linkandilasa m'maso, pobwera linkanditentha kumsana."

"Zimenezo ndi zaka zoposa makumi asanu ndi limodzi zapitazo. Dzulo lomweli mumafunafuna magalasi ali pamutu panu. Kamera siiwala, Bambo."

Achimwene, omwe amayendetsa lole ndipo amalankhula ngati injini ikadali kulira, anathira ndemanga ali m'nyumba. "Mverani wasukulu, mdala. Mukakatsutsana ndi chithunzi chomwe tapereka tokha, akatiseka mpaka alonda."

Zinapita choncho masabata khumi. Ndinkanyengerera, ndinkakalipa, tsiku lina ndinalira dala. Pomaliza ndinapeza njira yachidule. Bambo amavala wotchi kudzanja lamanzere.

"Musavutike n'kuganiza," ndinawauza. "Akakufunsani, lozani mbali ya wotchi."

Anayang'ana wotchiyo, n'kuyang'ana ine. Ine ndinangoganiza kuti avomera.

4

Tinafika pageti la kampani nthawi ya m'mawa. Mlonda anatipatsa buku la alendo, ndipo bambo analemba dzina lawo pang'onopang'ono. Pa mzere wofunsa cholinga cha ulendo anasiya osalemba kanthu.

M'kati munali mitengo yokhayokha, mizere yofanana, popanda njira kapena chizindikiro. Woyeza malo, bambo wamtali wachipewa cha nsalu, anayamba kutambasula mapu ake. Asanamalize, bambo anandipatsa ndodo yawo kuti ndigwire n'kuyamba kuyenda. Anadula mizere ya mitengo, anatsetsereka, anakhota, ife tikuwefukira m'mbuyo. Patapita mphindi makumi awiri anaima n'kuika dzanja pamwala wong'ambika, womwe unali utabisika m'tchire.

Woyeza malo anavula chipewa. "Madala, ine ndi makina angawa ndikanaufuna mpaka masana. Tsopano yang'anani kumtsinje. Chitsime chili kuti?"

Ndinaona dzanja lamanja la bambo likuyamba kunyamuka. Ndinali kumbuyo kwa woyeza malo, ndipo bambo atandiyang'ana ndinagwira mkono wanga pamalo povala wotchi. Dzanja lija linatsika. Linakwera lamanzere.

"Uko. Mapazi makumi atatu."

Anawasainitsa, anyamata a kampani n'kuyamba kukumba. Anakumba mpaka m'chiuno, kenako mpaka m'mapewa. Munkangotuluka dothi ndi mizu. Bambo anali atakhala pamwala, osayang'ana dzenje n'komwe. Mwadzidzidzi anaimirira.

"Mukukumba pachabe, ana inu. Ndi uku," anatero akuloza kumanja.

"Madala, mwasaina kuti ndi kumanzere," anatero woyeza malo mwaulemu.

"Kumbani pang'ono chabe, muona."

Manijala wa kampani, yemwe nthawi yonseyi ankasewera ndi makiyi a galimoto, anayang'ana nthawi. "Pangano ndi dzenje limodzi. Pepani."

Woyeza malo anavalanso chipewa n'kulemba m'buku lake. Lipoti litatuluka linati chitsime sichinapezeke, ndipo mboni inadzitsutsa yokha.

5

Achimwene anayamba kukalipa tisanatuluke pageti, ndipo anamaliza patatha sabata.

"Zaka khumi ndi chimodzi, mdala. Ntchito yanu inali imodzi, kuwerenga mapazi molondola. Mwalakwitsa mapazi, kenako mukutembenuka ngati tambala wachitsulo wa padenga wotsata mphepo pamaso pa anthu. Mwatichititsa manyazi."

Bambo anangovula jekete n'kulikoleka kuseri kwa chitseko.

Tinapita kwa loya wa bungwe lina lothandiza mabanja ngati lathu. Anawerenga lipoti akugwedeza mutu, kenako anandiyang'ana m'maso.

"Ndifunse kaye. Pali amene anawaphunzitsa madalawa zokanena? Chifukwa ngati alipo, mlandu wonse ugwa, ndipo iyeyo akhoza kuyankha."

"Palibe," ndinayankha msanga. Achimwene anayang'ana kudenga.

"Chabwino. Chithunzi chanu n'cholimba, chofooka ndi mboni. Mukapeze kalata ya dokotala yonena kuti madala mutu sukugwiranso bwino. Umboni wawo uchotsedwa, tichite apilo ndi chithunzi chokha."

Amene anawatengera bambo kuchipatala ndi ine. Dokotala anawafunsa tsiku, mwezi, ndi kuti awerenge manambala chobwerera m'mbuyo. Bambo anali atakhumudwa, ankangoyankha kuti kaya. Ndiye ndinayankha ine. Ndinanena za magalasi, za ketulo yomwe inapserera pamoto, za tsiku lomwe ananditcha dzina la malemu amayi. Zonse zinali zoona, koma ndinazisanja ngati katundu wogulitsa. Kalata inatuluka ndi chidindo chake, ndipo ndinakaipereka ndekha pazenera la Mayi Bweranimawa.

Kuyambira pamenepo bambo anasanduka mwana pakhomo pa achimwene, pomwe amakhala. Alamu anayamba kuwalankhula mokweza ngati ogontha. Njinga anawalanda, makiyi a nyumba anawalanda. Pokambirana za munda ankawauza kuti akaothere dzuwa. Achimwene anawapatsa dzina loti Akampasi, kutengera kachipangizo koloza mbali kaja, ndipo anthu ankaseka. Inenso ndinasekapo, sindibisa.

6

Tsopano ndinene chimene ndakhala ndikuchizungulira.

Pokonzekera apilo, loya anapempha chithunzi chachikulu. Ndinachikuza pa kompyuta mpaka jekete la agogo linadzaza galasi lonse. Nthawi yomweyo analowa atelala a khomo loyandikana ndi situdiyo yathu, omwe amabwera masana aliwonse kudzatchaja foni ndi kudzatola nkhani. Anaima kumbuyo kwanga, tepi yoyezera ili m'khosi.

"Awa ndi agogo anu aja? Anali munthu wooneka bwino. Koma bwanji ankavala jekete la akazi?"

"La akazi bwanji?"

"Taonani mabatani. Jekete la amuna mabatani amakhala kudzanja lamanja la wovala, la akazi kumanzere. Zaka makumi atatu ndikusoka, sindinaonepo mwamuna wa nthawi imeneyo atavala chonchi."

"Mwina telala wake anali wophunzira kumene," ndinatero, ndipo iwo anaseka n'kupita.

Atatuluka ndinatenga negetivi ija m'kabati n'kuiyang'ana pazenera. Inali ndi mbali yonyezimira ndi mbali yosanyezimira. Ine ntchitoyi ndinaiphunzira m'nthawi ya makompyuta, ndipo negetivi ndinali ndisanaigwirepo chibadwire. Sindinafunse aliyense tsiku lija, poti wasukulu safunsa. Ndinaitembenuza n'kuiikanso pa sikana. Mabatani a agogo anabwerera kumanja. Chitsime nacho chinadumpha mwala n'kukakhala kumanja, pomwe bambo ankanena masabata khumi onse aja.

Munthu wabwino akanatseka situdiyo n'kuthamangira kwa bambo ake. Ine ndinakhala pampando ola lathunthu ndikuganiza za nkhope ya achimwene, za funso la loya lomwe ndinayankha bodza, ndi za dzina langa la wasukulu. Kenako ndinabwerera ku chithunzi choyamba chotembenuka chija, ndinadetsa jekete la agogo mpaka mabatani anasiya kuoneka, ndinachisindikiza n'kukapereka kwa loya.

Apilo inagwa, monga ndinkadziwira kuti igwa. Anati chithunzi chikuonetsa chitsime pamalo pomwe anakumba osapeza kanthu. Banja linati zonsezi ndi chifukwa cha mdala, ndipo ine ndinatseka pakamwa. Amati manyazi anapha lambe, koma anga ankapha munthu wina.

7

Mwezi watha ndinapita kukawaona masana a Loweruka. Ndinapeza geti lili ndi loko wakunja. Alamu anali atapita kumsika, ndipo anayamba kumawatsekera bambo m'kati kuti angasochere. Munthu amene anapeza mwala m'nkhalango popanda njira, ati angasochere mumsewu wa nyumba khumi.

Anabwera pang'onopang'ono n'kugwira zitsulo za geti. "Mzime, pepa, makiyi sandisiyira. Ukhale pamthunzi apo, sachedwa."

Anandipepesa ine, iwo ali m'kati, ine ndili kunja. Pamenepo mpamene zinandikanika.

"Bambo, chithunzi chija ndinachitsuka chotembenuza. Ndinalakwitsa ndine. Ndinazindikira zaka zitatu zapitazo, koma ndinabisa."

Anandiyang'ana pakati pa zitsulo. Ndinkayembekeza kuti atukwana, kapena anena kuti ankadziwa kale.

"Ndiye kuti chitsime chinali kumanja?"

"Kumanja, Bambo."

"Popita dzuwa linkandilasa m'maso?"

"Eya."

Anapuma mpweya wautali. "Ndiye kuti mutu wanga uli bwino?"

Anapitiriza motsitsa mawu.

"Ine ndinakhulupirira, mwana wanga. Ndinati ngati chitsime chomwe ndinamwa zaka khumi ndi zinayi ndachisokoneza, ndiye kuti zonse ndasokoneza. Ndinasiya kukumbukira nkhope ya amayi anga, kuopa kuti mwina si yawo. Aja anatichotsa pamunda ndi pepala, koma munda ndinapita nawo m'mutu, sanaupeze. Iwe pepala lako linandipeza momwemo."

Ndinagwada pafumbi, ndikulira, anthu odutsa akundiyang'ana. Sanandiuze kuti wakhululukidwa, ndipo sindinapemphe.

"Dzuka, ukudetsa diresi. Lolemba ukauze ofesi. Achimwene ako uwauze wekha, chifukwa ine pakhomo pano palibe amene amandimva."

8

Lolemba ndinali woyamba pamzere. Ndinawerama pakabowo n'kufotokoza zonse, osasiya ngakhale za wotchi. Mayi Bweranimawa, kwa nthawi yoyamba m'zaka zonsezi, anasiya cholembera n'kumvetsera. Anaika zithunzi ziwirizo pamodzi, anayang'ana negetivi pakuwala, kenako anapita okha kukatenga fayilo.

"Mayi, ine ndakumvani, ndipo ndikukhulupirira," anatero. "Koma chithunzi chomwe mwachisintha kawiri ndi manja anu sichingayende chokha. Kuti akakumbenso, pakufunika mboni yamoyo yomwe inakhalako, ikalozenso."

"Ilipo. Bambo ali moyo, ndipo mutu wawo uli bwinobwino."

Anatsegula fayilo n'kutembenuzira pepala lina kugalasi kuti ndilione. Ndinadziwa chidindo chake ndisanawerenge.

"Kalata iyi ikuti mboni yanu siingaperekenso umboni. Munabweretsa ndinu."

"Ndiichotse basi. Ndipatseni ndiing'ambe."

"Cholowa m'fayilo sichituluka. Kalata yotere imafafanizidwa ndi gulu la madokotala atatu a boma, ndipo mndandanda wodikira gululi wafika chaka chamawa. Madala ali ndi zaka zingati?"

"Makumi asanu ndi atatu ndi ziwiri."

Sanandiuze kuti ndibwere mawa. Anangolemba dzina la bambo pansi pa mndandandawo n'kundipatsa kapepala ka nambala.

Inu owerenga, ndikudziwa kuti ambiri muli ndi mafayilo anu m'maofesi otere, ndipo mwatopa monga ndinatopera ine. Mukuuzidwa kuti mawu a munthu si umboni, umboni ndi pepala. Ineyo ndinamva zimenezo kwa zaka zambiri mpaka ndinazitengera kunyumba n'kukaziyesa pa bambo anga. Sindikuchotsa mlandu pa amene anatilanda malo, kapena pa ofesi yomwe ikudikira kuti mboni zithe kufa. Koma ngati muli ndi nkhalamba pakhomo yomwe ikukakamira kuti sizinali choncho, ikani kaye pepala pansi muimve. Mapepala amatsukidwa ndi anthu ngati ine.

Achimwene sindinawauzebe. Ndapita kawiri, kawiri konse ndabwerako ndisanaiyambe nkhaniyo. Koma magazini ino amaigula mwezi uliwonse n'kuiika pampando wa lole, ndipo sipafunika dzina kuti adziwe amene walemba. Achimwene, mundikalipire mmene mungafunire, ndiima phee ndimve. Koma musanandiimbire foni, pitani kaye kunyumba mukachotse loko pageti. Bambo sanasokonezekepo mutu ngakhale tsiku limodzi.